Mphika wa Asewere ku Hangzhou

Kwathu kuno mwana wamkazi akakwatiwa sitinena kuti tataya munthu, pakuti mwamuna ndiye amadza kudzamanga nyumba pamudzi pa mkazi, nakhala mkamwini wathu. Ngakhale citengwa cimene cimacitika ankhoswe atagwirizana, ndipo mtunda wake umakhala woti munthu nkupalasa njinga m'mawa ndi kubwerako dzuwa lisanalowe. Koma citengwa ca mwana wanga cinali ca mtundu wina. Iye anapita ku China mu 2016 kukaphunzira za mankhwala, ndipo mu 2021, pamene malire a dzikolo anali otseka kaamba ka mliri wa Covid-19, anatiuza pa foni kuti akukwatiwa ndi mnyamata wa komweko amene anali kuphunzira naye. Panalibe nkhoswe, panalibe nkhuku, ndipo atsibweni ake, eni mbumba, anaimva nkhaniyo ngati mphekesera ya pacitsime. Ine ndinapsa mtima, ndipo ndiulule pano kuti ndinakhala caka cathunthu osalankhula naye. Amai ake ndiwo anali kunong'onezana naye usiku ine nditagona, kapena poyesa kuti ndagona.

Mu 2023 kunabadwa mdzukulu, ndipo mkamwini anatumiza mau akuti adzalipira ulendo wa ife awiri. Amai a kunyumba anakana kaamba ka miyendo yao ndi munda, nati kwa ine: “Pitani inu amene munakwiya. Ine ndiribe mlandu woti ndikathetse kumeneko.” Motero pa 3 February 2024 ndinakwera basi ya m'bandakuca, cimanga cathu citangoyamba kumasula, mvula itayamba kale kudukiza.

Za mseu wa Great East, mapiri a ku Luangwa ndi nsomba zouma za pafupi ndi mlatho sindinenapo, pakuti mumazidziwa kuposa ine. Ndeke inanditenga pa bwalo la Kenneth Kaunda, tinasintha ku Addis Ababa, ndipo titauluka usiku wonse tinatera ku Shanghai, kumene nthawi iri patsogolo pa yathu ndi maola 6. Ndinali nditakonza mau aukali pang'ono oti ndiyambe nao, koma mwana wanga atangondiona anagwada pa simenti yozizira pakati pa khamu la anthu, nati: “Atate, mwafika.” Anthu anaima kumayang'ana, ena anatulutsa mafoni. Mau anga aja sindinawapezenso. Mkamwini, mnyamata wamtali wa magalasi, anawerama nachula mosamala zimene anaphunzitsidwa: “Muli bwanji, apongozi?” Ndinayankha moni wokha, osaonjezapo kanthu.

Kucoka ku Shanghai kufika ku Hangzhou ndi mtunda wonga wa pakati pa Chipata ndi Petauke, koma sitima yake, yothamanga makilomita ngati 300 pa ola, inatifikitsa ola limodzi lisanakwane. Hangzhou ndi likulu la cigawo ca Zhejiang, mzinda wa anthu opitirira 12 miliyoni, ndiko kuti oposa theka la anthu onse a m'Zambia. Coyamba kundilonjera kunali kuzizira kolowa m'mafupa. Kumpoto kwa China nyumba zimafunditsidwa ndi mapaipi a madzi otentha ocokera pamalo amodzi, koma kum'mwera kuno kulibe dongosolo limenelo, kotero kuti tinali kudya cakudya titavala makhoti m'nyumba, pa nsanjika ya 19. Asewere aamuna, nkhalamba yopuma nchito, atamva dzina lakuti Zambia anaimika cala nayamba kulira ngati sitima. Anthu a msinkhu wao amatidziwa ndi njanji ya TAZARA, imene anzao anaimanga pakati pa 1970 ndi 1975, makilomita 1,860 kucoka ku Dar es Salaam kufika ku Kapiri Mposhi. Asewere aakazi, mai wamfupi wa manja olimba, sananene kanthu. Anangondiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, nalowa m'cipinda, nabwera ndi masokosi aubweya.

Tsiku lacitatu mkamwini ananditenga, ife awiri tokha, kukaona nyanja ya West Lake, imene eni ake amati Xi Hu. Ndi nyanja yaing'ono, yosaya, yozingidwa ndi mapiri mbali zitatu ndi mzinda mbali yacinai, ndipo mu 2011 bungwe la UNESCO linailemba pa mndandanda wa malo a cuma ca dziko lonse. Mnyamatayo anatulutsa ndalama ya pepala ya 1 yuan nandionetsa cithunzi ca kumbuyo kwake, kenaka analoza pamadzi: timiyala titatu tooneka ngati tinsanja tinali pomwepo. Tinayenda pa mseu wodutsa pakati pa nyanjayo, wotalika pafupifupi makilomita 3, wokhala ndi milatho 6 ndi mitengo yopanda masamba kaamba ka cisanu. Tinali cete nthawi yaitali, ndipo mwina pofuna kuthawa ceteyo, iye anayamba kundisimbira m'Cingerezi za munthu amene anamanga mseuwo.

Munthuyo anali Su Shi, mlembi wa ndakatulo ndiponso nduna ya boma, amene anabadwa mu 1037 namwalira mu 1101, m'nthawi ya mafumu a Song. Anali wa pakamwa posabisa. Mu 1079 adani ake anapeza m'ndakatulo zake mau amene anati akunyoza boma, ndipo anatsekeredwa m'ndende masiku opitirira 100. Caka cotsatira anam'pitikitsira ku Huangzhou, m'mbali mwa mtsinje wa Yangtze, kumene anasauka mpaka kugwira khasu. Munda wake unali pa citunda ca kum'mawa, ndipo anadzipatsa dzina lakuti Dongpo, kutanthauza citunda ca kum'mawa comweco. Kumeneko nkhumba inali yosakwera mtengo, ndipo nduna yakugwayo inaphunzira kuiphika pa moto wocepa. Mu 1089 anam'tuma kukalamulira Hangzhou, napeza nyanja itadzala matope ndi udzu, pamene ndiyo inali kumwetsa mzinda ndi kuthirira minda. Anasonkhanitsa anthu kuti aikumbe, ndipo matope amene anavuula ndiwo anaunjika kukhala mseu umene tinali kupondawo. Anthu amasimba kuti eni mzinda anam'thokoza ndi nkhumba zambiri, ndipo iye anaziphika m'njira yake nagawira okumba aja. Kaya zinaterodi kaya ndi nthano, dzina linatsala: mpaka lero ndiwo yochuka ya mzindawu ndi nkhumba ya Dongpo.

Tinaidya masana omwewo. Ndi nthuli ya pamimba, yodulidwa mbali zonse mofanana, masentimita ngati 5, cikopa pamwamba, mafuta ndi mnofu zitasanjikana, ndipo imabwera m'kamphika kakekake. Ndinene zoona, sinandikomere. Inali yonona kwambiri, ndiponso lilime langa la Cicewa linakana kumva shuga m'ndiwo. Ndinaimaliza kaamba ka ulemu cabe, ndipo mkamwini anaona.

Caka catsopano ca kumeneko cinagwa pa 10 February, ndipo cakudya cacikulu cimadyedwa madzulo a tsiku lotsogolera. M'mawa wa pa 9, kudakali mdima, asewere aakazi anagogoda pa citseko canga, nandipatsa thumba, nakodola ndi dzanja. Tinalibe liu limodzi lomvana, koma ndinazindikira kuti ndatumidwa kukanyamula. Msika wake unali pansi pa nyumba yosanja, wowala ndi magetsi, pansi ponyowa, nsomba zamoyo zikuphiriphitha m'mabeseni. Palibe amene anatulutsa ndalama. Aliyense anali kungolozetsa foni pa kacithunzi. Mzere wa nkhumba unali wautali kuposa yonse, ndipo nzosadabwitsa, pakuti dziko la China limadya pafupifupi theka la nkhumba zonse zophedwa pa dziko lapansi. Mwana wanga anandiuza pambuyo pake kuti m'cinenero cao ukangoti nyama, osachula mtundu, womvayo amadziwa kuti ukunena nkhumba, ndiponso kuti cilembo cao cotanthauza nyumba kapena banja ndi cithunzi ca nkhumba iri pansi pa denga. Ncifukwa cake cigodola ca nkhumba, cimene ife a kum'mawa takhala naco kuyambira kale, citalowa m'dziko lao mu 2018 cinagwedeza nyumba iriyonse, mtengo wa nyama utakwera kowirikiza m'caka cotsatira.

Asewere anapitirira nthuli zonse zofewa, naima pa mwendo wakutsogolo, cigawo ca kumtunda cakuphewa, cokhala ndi cikopa ndi fupa lake. Anacitembenuza, anacibaya ndi cala, anakangana ndi wogulitsa mpaka ine kucita manyazi, kenaka anaciponya m'thumba langa. Kwathu nyama yotere timaipatsa ulemu wocepa, cifukwa tikaikazinga mofulumira monga timacitira imalimba ngati mphira. Phewa ndilo limanyamula thupi la nyama moyo wake wonse, motero ladzala mitsempha ndi timinofu tolimba. Koma zolimbazo, zimene ophunzira amati kolajeni, zikakhala pa moto wofatsa maola angapo zimasungunuka ndi kusanduka msuzi wonanda umene umamata milomo, ndipo ukazizira umagwirana ngati phala la dzulo.

Ndinakhala pa kampando pakhomo la khichini tsiku lonse, ndipo palibe amene anandicotsa. Poyamba anaika nyamayo m'madzi ozizira, naibwatitsa mphindi zocepa mpaka thovu lakuda litayandama. Madziwo anataya, natsuka nyama ndi poto yemwe. Ndinadandaula mumtima kuti msuzi wapita, koma m'thovu lija ndimo mumakhala fungo la khola. Kenaka anatenga mphika wadothi, wosasiyana kwenikweni ndi wa agogo athu, nayala pansi pake anyezi wamasamba ndi jinja wodula mopyapyala kuti nyama isakhudze dothi ndi kupserera. Anagoneka phewalo cikopa pansi. Anathira vinyo wa mpunga wocokera ku Shaoxing, mzinda woyandikana nao, ndipo sanathire moumira. Anathira msuzi wa soya wa mitundu iwiri, wina wowala wopatsa mcere, wina wakuda bii wopatsa mtundu. Msuzi umenewu amaupanga ndi soya yemweyu timalima ku Katete ndi ku Lundazi, pomusakaniza ndi tirigu ndi mcere ndi kumusiya miyezi kuti asase. Anaponyamo shuga wa miyalamiyala, kakhungwa ka sinamoni, ndi timbeu touma tooneka ngati nyenyezi za nsonga 8, timene m'masitolo amatilemba kuti star anise. Mcere sanaike ngakhale pang'ono. Madzi anathira ofika pakati pa nyama cabe.

Utangowira mphikawo, anacepetsa moto mpaka kutsala kamoto konga ka kandulo, navundikira. Pamenepo ndipo ndinaona cimene ndinadzera. Mai uja sanali kuyang'ana nkoloko, anali kumvetsera. Mphika ukayamba kulankhula mokweza, anali kucepetsa moto. Ukakhala cete, anali kuonjezako pang'ono. Anafuna kuti uzingoti phwa, nkupuma, phwa, nkupuma. Nthawi ina ine, pofuna kuthandiza, ndinatambasula dzanja kuti ndivundukule, ndipo anandimenya pa dzanja ndi timitengo todyera, monga mmene mungacitire ndi mwana wakuba ndiwo. Tonse awiri tinadzidzimuka, kenaka tinaseka mpaka misozi. Akulu anati kuona maso a nkhono nkudekha, koma sindinaganizepo kuti ndidzaphunzitsidwa mwambiwu ndi munthu wosadziwa Cinyanja.

Atapita maola awiri anatembenuza nyama mosamala, cikopa pamwamba, namaitungira msuzi ndi cipande. Litatha ola lacitatu anavundukula, nakweza moto kuti msuzi uphwere. Cikopa cinali citafiira ngati mtengo wa mukwa wopakidwa mafuta, cikunjenjemera mphika ukagwedezeka.

Madzulo tinakhala pa tebulo lozungulira, mbale zoposa khumi, nsomba yathunthu pakati. Phewa linabwera lathunthu, losadulidwa, ndipo asewere analiika patsogolo panga. Kenaka anaimirira nayamba kulankhula, mwana wanga akumasulira. Anati kale m'dera lao ukwati sunali kucitika popanda munthu woyenda pakati pa mabanja awiri, ndipo munthuyo anali kuthokozedwa ndi miyendo ya nkhumba. Pakamwa amati miyendo 18. “Auze atate ako,” anatero, “kuti pa ukwati uwu panalibe woyenda pakati. Tinatenga mwana wao iwo osatiponda pakhomo, ife osawaponda pakhomo. Ine ndiri ndi mwana mmodzi yekha, ndipo wina akananditengera motero sindikanagona. Mwendo uwu ndi woyamba. Yatsala 17.” Mwana wanga anamasulira mau omalizawo akulira ndi kuseka pamodzi.

Abale anga, ine ndazolowera kulankhula pamaso pa anthu, koma tsiku limenelo lilime linakana. Ndinangoomba m'manja mwa kwathu, mofatsa, katatu, ndipo asewere aamuna anayesa kutsanzira. Nyama ija sinafune mpeni. Mkamwini anangoikhudza ndi timitengo ndipo inapatukana yokha, fupa linasololoka loyera. Shuga amene ndinadana naye ku nyanja kuja sanali kumvekanso payekha. Anali atabisala kumbuyo kwa mcere ndi jinja, ndipo msuzi wake pa mpunga unandikumbutsa cipalapato ca mphika wa nyemba. Usiku womwewo ndinanyamula mdzukulu wanga ndi kum'patsa dzina la malemu amai anga, ndipo mkamwini analilemba pa pepala kuti asalakwitse kuchula.

Ndinabwerera kwathu kuciyambi kwa March, m'cikwama muli botolo la msuzi wakuda ndi kathumba ka nyenyezi zija. Nyama sindinanyamule, ndipo musayese kutero podutsa malire, cifukwa ndimo mmene cigodola cimayendera. Kuyambira ku Nyimba ndinaona pa zenera la basi zimene amai a kunyumba anali kundibisira pa foni: cimanga citapota masamba ngati anyezi. Pa 29 February Mtsogoleri wa dziko Hakainde Hichilema anali atalengeza kuti cilalaco ndi tsoka la dziko lonse. M'munda mwathu tinakololamo matumba osakwana ndi zala za dzanja limodzi, ndipo madzi atacepa ku Kariba magetsi anayamba kuzima usana ndi usiku. Pofika June gaga wodyetsa nkhumba zathu ziwiri anasowa, ndipo tinagwirizana kupha imodzi isanaonde. Tinagulitsa zonse kuti tigule ufa, koma ine ndinapempha kuti phewa limodzi litsale.

Apa ndipatuke pang'ono. Musanaphike nkhumba ya pamudzi, yang'anani pansi pa lilime ndi m'minofu ngati muli masese, timatuza toyera tonga mpunga. Nyama yotero ikadyedwa yosapsa imabala njoka ya m'mimba, ndipo mazira a njokayo, pofalikira kumene kulibe zimbudzi ndi kusamba m'manja, amatha kukafika ku ubongo ndi kuyambitsa khunyu. Nyama ya masese njotaya, ngakhale m'caka ca njala.

Yathu inali yoyera. Phewalo linalemera kilogalamu imodzi ndi theka, ndipo ndinaliphika pa mbaula, amai a kunyumba atakhala capatali ndi nkhope ya munthu woyembekeza ngozi. Ndinalifutsa ndi kulitsuka monga ndinaonera. Pansi pa mphika ndinayala anyezi awiri ndi jinja wotalika ngati cala cacikulu, ndi adyo pang'ono, amene asewere sanaike koma ine ndimam'konda. Ndinathira masupuni aakulu 6 a msuzi wa soya wogula m'sitolo ku Chipata, 2 a wakuda uja, 3 a shuga wathu wa nzimbe, nyenyezi 3 ndi kakhungwa ka sinamoni. Amene alibe msuzi wakuda asungunule shugayo m'mafuta pang'ono mpaka afiire ngati uci wakale, koma asam'siye kuti ade, cifukwa amawawa. Vinyo wa mpunga ndinalibe, ndipo m'malo mwake ndinathira supuni imodzi ya viniga. Mnansi wanga analangiza kacasu. Ndinakana, ndipo nanunso mukane.

Cobvuta pa mbaula ndi moto. Makala atsopano ndi aukali, ndipo mphika wanga unayamba kubwata ngati wa cimera. Ndinacotsako makala theka ndi kukwirira otsalawo ndi phulusa, ndipo ola liri lonse ndinali kuonjezapo awiri kapena atatu. Ndinakhala pamenepo kuyambira dzuwa liri paliombo mpaka litapendeka, khutu liri ku mphika, ana a anansi atazinga mpanda kaamba ka fungo limene sanalimvepo.

Amai a kunyumba analawa msuzi ndi nsonga ya cala, nakwinya nkhope, nati: “Shuga m'ndiwo, bambo? Kodi ndi zimene munapitira kutali konse kuja?” Koma anaphika nsima ndi ciwawa copanda nsinjiro, ndipo pa mbamu yacitatu anasiya kulankhula. Ndinaona akupatula kanthuli m'kambale nakabisa, ati nkolawitsa atsibweni a mwana, amene mpaka tsikulo anali asanakhululuke.

Tisanamalize kudya ndinaimba foni ya kanema ku Hangzhou, kumene unali kale usiku. Mwana wanga anadzutsa apongozi ake, ndipo ine ndinalozetsa foni mumphika monyadira. Asewere anayandikitsa nkhope, nandiuza ndi manja kuti ndibaye cikopa ndi supuni. Ndinabaya. Anapukusa mutu nalankhula mau angapo ofulumira, ndipo mwana wanga anamasulira: “Akuti mwaphula msanga, Atate. Panafunika theka la ola lina, ndiponso madzi munacurukitsa.” Amai a kunyumba, amene anali asanalankhulepo ndi asewere ao ciyambire, analanda foni m'manja mwanga nati: “Muwauze kuti ndinawauza.” Sanandiuze kanthu tsiku lonselo, koma amai awiriwo anagwedezerana mitu ngati anthu odziwana kalekale. M'kathumba muja mwatsala nyenyezi 11, ndipo amai azisamutsira m'citini cao ca singano, kumene ine sindiloledwa kupisamo dzanja.